Chitini cha agogo ndi misonkho yopanda lisiti

Agogo anga aamuna atamwalira tinatha masiku atatu tikulongosola m'nyumba mwawo, kumudzi ku Ntcheu. Katundu sanali wambiri. Panali jekete yakuda ya ku Joni imene njenjete zinali zitaiboola m'khosi, wailesi imene inasiya kulankhula kalekale, nsapato za ku tchalitchi, ndi chitini cha mabisiketi chimene tinachipeza kunsi kwa bedi chitamangidwa ndi mphira wa njinga. Amalume anayamba achigwedeza kaye pafupi ndi khutu. Sichinalire. Atamasula mphira uja anapeza mapepala okhaokha, opanda ndi tambala yomwe.

"Tenga iwe, paja umakonda zowerenga," anatero akundiponyera.

Ndinachitsegula bwinobwino nditabwerera ku Lilongwe. Pansi penipeni panali ziphaso za msonkho, zina za nthawi ya atsamunda, zapepala lolimba, chidindo chake chikuonekabe. Pamwamba pake panali chikalata cha Wenela, bungwe lija linkalemba anthu ntchito ya kumigodi ya ku Joni, kenako mulu wa makhadi a chipani, timapepala ta sikelo ta kumsika wa ADMARC, ndipo pamwamba pa zonse panali kuponi imodzi ya feteleza imene sinagwire ntchito. Agogo sanali munthu wosunga makalata a abale kapena zithunzi. Chimene anasunga moyo wawo wonse ndi umboni wakuti boma alibe nalo mangawa.

Mawu akuti boma amene timawatchula tsiku lililonsewa anabwera kuchokera ku Chiswahili, kumene amatanthauza linga kapena mpanda. Ife tinawatenga n'kuwapatsa ntchito ziwiri. Boma ndi amene akulamulira dziko, komanso boma ndi kumalo kuja kuli ofesi ya DC. Kwa makolo athu zinthu ziwirizi sizinkasiyana, chifukwa boma anayamba kulidziwa ngati malo okaperekako msonkho. Harry Johnston, amene anatumidwa ndi a Britain kudzakhazikitsa ulamuliro wawo kuno mu 1891, sanachedwe kuyambitsa msonkho wa nyumba. M'zaka zoyambirirazo unakhazikika pa masheleni atatu pachaka pa nyumba iliyonse. Masheleni atatu akumveka ngati kanthu kochepa, koma funso linali lakuti munthu awatenga kuti, m'dziko limene anthu ankasinthana chimanga ndi mchere, nkhuku ndi khasu. Pamenepo ndiye panagona mutu wa nkhani. Azungu a minda ya khofi, ndipo pambuyo pake ya thonje, fodya ndi tiyi, kumapiri a Shire ankasowa antchito, popeza munthu amene nkhokwe yake yadzaza alibe chifukwa chokalimira mnzake. Msonkho unabwera kudzapanga chifukwacho. Patapita zaka zochepa anaukonzanso mochenjera: wogwira ntchito kwa mzungu mwezi wathunthu ankalipira masheleni atatu, wokhala pakhomo pake ankalipira asanu ndi limodzi.

Agogo ankasimba zimene bambo awo ankawauza, za amesenjala a boma ovala zipewa zofiira amene akangotulukira kumsewu amuna ankathawira kuphiri. Nkhani ngati zimenezi ndinkaziyesa zokometsera, mpaka nditawerenga kuti n'zolembedwa ndithu kuti nyumba za olephera msonkho zinkatenthedwa, ndipo akazi awo ankagwidwa n'kusungidwa kuboma kuti mwamuna adzionetsere yekha. Amene ankakhala m'minda ya azungu anali ndi goli lachiwiri, la thangata, mawu abwinobwino achithandizano amene anasanduka dzina la ntchito yokakamiza yolipirira malo okhala. John Chilembwe ataukira mu Januwale 1915, mkwiyo waukulu unalunjika ku Magomero, kuminda ya A. L. Bruce, kumene thangata inali yowawa kwambiri. Lero nkhope yake ili pa ndalama zathu. Ndimaseka ndekha nthawi zina ndikamapereka ndalama ya nkhope ya Chilembwe polipira msonkho.

Nanga ndalama za msonkhozo zinkapita kuti? Sukulu ndi zipatala zambiri za nthawi imeneyo zinali za mamishoni. Boma linkalipira ma DC ake, apolisi ndi asilikali, ndipo linasenzanso ngongole za njanji. Njanji yopita ku Beira pamodzi ndi mlatho wautali wa pa Zambezi, umene unatsegulidwa mu 1935, zinamangidwa ndi ngongole zimene Nyasaland, dziko losaukitsitsa m'chigawo chino, anazinyamula kwa zaka zambiri. Mlathowo uli ku Mozambique, pakati pa Sena ndi Dona Ana. Ambiri mwa amene anaulipirira ndi masheleni awo anafa osauona.

Chikalata cha Wenela chija chimalumikizana ndi ziphaso za msonkho ngati ulusi ndi singano. Amuna ankapita ku Joni ndi ku Halale pazifukwa zambiri, njinga, suti, malata, ndalama zokwatirira, koma chifukwa choyamba chinali msonkho. Boma nalo linkapindula kawiri. Munthu ankalipira msonkho wake, ndiponso gawo la malipiro ake linkasungidwa kuti adzalandirire kuno, motero ndalama zakunja zinkalowa m'dziko. Tinali dziko logulitsa anthu ake kunja monga mmene timagulitsira fodya. Zimenezi zinapitirira ngakhale titalandira ufulu, mpaka mu 1974 pamene ndege ya Wenela inagwa ku Francistown, ku Botswana, n'kupha Amalawi oposa 70 amene ankabwerera kwawo. Kamuzu anaimitsa ulendo wa kumigodi kwa zaka zingapo. Agogo anali atabwerera kale nthawi imeneyo, ndi jekete ija komanso chifuwa chimene sichinawasiye mpaka kumanda.

Pa 6 Julaye 1964 mbendera inasintha, koma thumba linali lobooka. Ndalama zimene boma latsopano linkatolera sizinkakwana ngakhale kuyendetsera ntchito za tsiku ndi tsiku, ndiye a Britain ankathirapo chaka ndi chaka. Pano ndiyenera kunena chilungamo, ngakhale ena sakonda kumva zabwino za nthawi imeneyo: boma la Kamuzu linalimbikira kutseka dzenje limeneli, ndipo pofika kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1970 thandizo la a Britain la pa bajeti ya tsiku ndi tsiku linatha. Mu 1971 kwacha inalowa m'malo mwa paundi, makwacha awiri pa paundi imodzi, ndipo kwa zaka pafupifupi khumi kwacha imodzi inali yolemera pang'ono kuposa dola ya ku America. Achinyamata ndikawauza zimenezi amandiyang'ana ngati ndaledzera. Misewu inamangidwa, njanji yolumikiza ku Nacala inatsegulidwa mu 1970, ndipo likulu linasamukira ku Lilongwe mu 1975, mothandizidwa ndi ngongole ya boma la tsankho la South Africa, limene mayiko ena a mu Africa ankalisala.

Koma ndalama zina zinkachokera kwa anthu ngati agogo, ndipo apa ndi pamene timapepala ta sikelo tija tikulowera. ADMARC inakhazikitsidwa mu 1971, kulowa m'malo mwa Farmers Marketing Board. Mlimi wamng'ono analibe kwina kogulitsa fodya wake wachikopa, thonje kapena mtedza. Mtengo unkalengezedwa ndi boma, iye n'kusenza katundu kupita kumsika, kalaliki n'kuyeza, n'kulemba kapepala, n'kumupatsa zake. ADMARC inkakagulitsa mbewu zomwezo pamtengo wokwera kwambiri kuposa umene mlimi walandira. Phindu lotsala pakatipo, limene m'zaka za m'ma 1970 linali lalikulu zedi, linkalowa m'mabanki, m'makampani, m'maesiteti a fodya ndiponso mu Press Holdings, kampani ya Kamuzu mwiniwake. Pomwepo lamulo la mbewu zapadera linkaletsa mlimi wamng'ono kulima fodya wa bale ndi wa fuluu, amene anali ndi ndalama zenizeni. Ameneyo anali wa eni maesiteti, ndipo eni maesiteti ambiri anali nduna, akuluakulu a chipani ndi a m'boma.

Tsono taonani. Pa chiphaso cha atsamunda panalembedwa poyera kuti uwu ndi msonkho, ndipo munthu ankadziwa amene wamulanda ndi kuchuluka kwa zimene wamulanda. Pa kapepala ka sikelo palibe mawu akuti msonkho. Pali kulemera kwa mtedza ndi ndalama zimene mlimi walandira, basi. Agogo ankachoka kumsika akuyamika kuti boma lawagula mbewu. Ndikaika mapepala awiriwa patebulo limodzi, ndimaona kuti kachiwiriko kankatenga zambiri kuposa koyambako, koma sikankathamangitsa munthu kuphiri.

Sindikufuna kuinamizira ADMARC ngati kuti inali yoipa yokhayokha. Misika yake inafika kumidzi imene wamalonda sakanafikako, inkagulitsa feteleza ndi mbewu pafupi, ndipo m'miyezi ya njala chimanga chinkapezeka pamtengo umodzi kuyambira ku Nsanje mpaka ku Chitipa. N'chifukwa chake amayi anga mpaka lero akamva za ADMARC amapuma mozama ngati akukumbuka m'bale amene anamwalira.

Za makhadi sindichulutsa. Aliyense amene anali ndi nzeru isanafike 1993 akudziwa kuti popanda khadi la chipani sunkalowa mumsika kapena kukwera basi mwamtendere, ndipo amayi oyembekezera ena ankauzidwa kuti agulirenso amene ali m'mimbayo. Ndalama zimenezo sizinkapita n'komwe kuthumba la boma. M'chitini muja makhadiwo ndi amene ali osamalika kwambiri, atakulungidwa m'pulasitiki ya shuga.

Kumapeto kwa zaka za m'ma 1970 zinthu zinatembenuka. Mafuta anakwera pa dziko lonse, mitengo ya fodya ndi tiyi inatsika, chilala chinagwa, ndipo pambuyo pake, m'zaka za m'ma 1980, nkhondo ya ku Mozambique inatseka njira za Beira ndi Nacala, moti katundu wathu anayamba kuzungulira mpaka ku Durban. Boma linagogoda kwa IMF mu 1979, ndipo mu 1981 linatenga ngongole yoyamba ya World Bank yokonzanso chuma. Kuyambira pamenepo bajeti ya Malawi inayamba kukhala ndi alembi awiri, wina ku Capital Hill, wina ku Washington. Malangizo anali omwe anaperekedwa kwa anansi athu onse: chepetsani mphamvu ya kwacha, chotsani sabuside wa feteleza, lolani amalonda agule mbewu. Mu 1987 malonda a mbewu anatsegulidwa kwa anthu wamba ndipo misika yambiri ya ADMARC inatsekedwa. Mlimi anamasuka kwa wogula mmodzi, n'kugwa m'manja mwa mavenda a sikelo zawozawo.

Mphamvu ya mlembi wachiwiri uja inaoneka bwino mu 1992. Mabishopu a Katolika atatulutsa kalata yawo yodzudzula boma la Kamuzu mu Marichi, mayiko otithandiza anaimitsa thandizo lonse kupatula la chakudya ndi la othawa nkhondo, ndipo chaka chotsatira, pa 14 Juni, tinavota pa riferendamu. Timakonda kunena kuti demokalase tinaimenyera tokha, ndipo n'zoona, anthu anamangidwa ndipo ena anafa. Koma thumba louma linathandiza kufewetsa mtima wa nkhalamba ija.

Chaka cha 1994 ndimachikumbuka ndi maso anga. Sukulu ya pulayimale inakhala yaulere, ndipo ana anachoka pa pafupifupi 1.9 miliyoni kufika cha m'ma 3 miliyoni m'chaka chimodzi. M'kalasi mwathu munalowa anyamata a ndevu, ena tinkakhala pansi pa mtengo wa mango, mphunzitsi mmodzi akulimbana ndi khamu ngati la pamaliro. Chaka chomwecho kwacha inasiyidwa kuti iziyandama payokha. Inayamba chaka ili pa makwacha anayi ndi kanthu pa dola, n'kuchimaliza ili cha m'ma 15. Agogo anali ndi kabuku ka ku positi ofesi kamene ankasungiramo ndalama za fodya. Ziwerengero za m'kabukumo sizinasinthe ngakhale pang'ono, koma zimene zikanagula malata a nyumba yonse zinangokwana malata owerengeka. Palibe mesenjala amene anabwera, palibe kalaliki, palibe chidindo. Anagona ali ndi malata, anadzuka alibe.

"Ndani wanditengera?" anandifunsa tsiku lina, ine ndili mnyamata wa sitandade 7, ngati kuti sukulu yaulere ija inandiphunzitsa yankho.

Ndinati, "Agogo, akuti kwacha yagwa."

"Yagwera kuti? Bwanji osakaitola?"

Tinaseka tonse, koma funso lawo loyamba lija linali lanzeru kuposa yankho langa. Boma likamawononga zoposa zimene latolera, n'kumakongola kubanki yaikulu kapena kumabanki a m'dziko momwemuno, mitengo ya zinthu imakwera ndipo kwacha imafooka. Kusiyanako amalipira ndi amene wasunga makwacha m'kabuku, pansi pa pilo kapena m'mphepete mwa chitenje. Amene ali ndi madola, nyumba za lendi kapena katundu m'sitolo amadzuka ali bwinobwino, enanso atalemererapo.

Njala ya 2001 mpaka 2002 inatiphunzitsa kuti bajeti imatha kupha. Chimanga cha m'nkhokwe za boma chinagulitsidwa njala ili pakhomo, ndipo mpaka lero anthu amakanganabe kuti wolakwa wamkulu anali ndani, a IMF amene analangiza kuti nkhokwe zichepetsedwe pobweza ngongole, kapena akuluakulu amene anagulitsa mpaka kupsereza n'kudzagulitsanso chimanga chomwecho pamtengo wokwera. Kwathu anthu anadya gaga, nthochi zosakhwima ndi mizu. Agogo aakazi anagulitsa mbuzi ziwiri pamtengo wa nkhuku.

Ndikuganiza kuti ndi njala imeneyo, pamodzi ndi ya 2005, imene inabala makuponi. Bingu wa Mutharika, ndi nduna yake ya zachuma Goodall Gondwe, anabwezeretsa sabuside wa feteleza m'chaka cha 2005/06 otithandiza ambiri asakufuna. Thumba la makilogalamu 50 linkagulidwa pa K950 ndi kuponi, ndipo pambuyo pake linatsika kufika pa K500. Mvula inagwa bwino, chimanga chinachuluka, ndipo mu 2006 ngongole zathu zambiri zakunja zinakhululukidwa kudzera mu ndondomeko ya HIPC. Kwa nthawi yoyamba m'mbiri ya chitini chija, munalowa pepala losonyeza boma likupereka kwa mlimi m'malo momutengera. N'chifukwa chake palibe chipani chimene chingayerekeze kuchotsa sabuside, chimangomusintha dzina. Koma mtengo wake ndi woopsa. M'chaka cha 2008/09, feteleza atakwera pa msika wa dziko lonse, pulogalamuyi inadya pafupifupi 16 peresenti ya bajeti yonse, ndipo feteleza timagula ndi madola amene tilibe. Mu 2020 sabuside anabwera ndi dzina latsopano la AIP ndi thumba la K4,495, ndipo pofika 2022/23 linali pa K15,000.

Kuponi ya agogo ija sinagwire ntchito chifukwa anapita katatu kumalo ogulitsira, kudzuka nkhuku zisanatsike, n'kumauzidwa kuti feteleza watha, pamene matumba ankatulukira kukhomo la kuseri. Ulendo wachinayi anakana. Anaipinda n'kuiika m'chitini, pamwamba pa ziphaso za atsamunda.

Zotsatira zake ambiri tinaziona tili akuluakulu, ndiye ndingodutsamo. Mu 2011 Bingu anathamangitsa kazembe wa Britain, Fergus Cochrane-Dyet, thandizo la pa bajeti linaima, ndipo boma linabweretsa bajeti imene linaitcha ya zero deficit, yoti tidzidalire ndi misonkho yathu. Tinagona pamizere ya mafuta, madola anasowa, ndipo pa zionetsero za pa 20 Julaye anthu pafupifupi 20 anaphedwa. Joyce Banda atalowa mu 2012 anagwetsa kwacha kuchoka cha m'ma K168 kufika K250 pa dola, mafuta anabwerera, otithandiza anabwerera. Kenako mu Seputembala 2013 mkulu woona za bajeti, Paul Mphwiyo, anawomberedwa pageti la nyumba yake, ndipo chinsalu chinang'ambika. Anthu ankalowa mu IFMIS, kompyuta yolipirira ya boma, n'kulemba macheke kwa makampani amene sanagwire ntchito iliyonse, kenako n'kufufuta mapazi awo. Ofufuza a Baker Tilly anapeza kuti m'miyezi 6 yokha panasowa ndalama zoposa K13 biliyoni. Makalaliki a malipiro ochepa ankapezeka ndi mamiliyoni m'mabuti a galimoto. Timati mbuzi imadya pamene aimangirira, koma izi zinadya ndi chingwe chomwe. Otithandiza, amene nthawi imeneyo ankathira pafupifupi 40 peresenti ya bajeti, anatsekanso mpopi, ndipo boma linatembenukira kukongola m'dziko momwemuno pa chiwongoladzanja chokwera. M'mabajeti aposachedwapa chiwongoladzanja chokha chakhala chikudya ndalama zambiri kuposa zopita ku zaumoyo.

Ine ndimagwira ntchito yolembedwa, ndiye msonkho wanga amadula ndisanauone. MRA, yotolera misonkho ija, imene inayamba ntchito mu 2000, sifunika kutuma mesenjala kwa ine. Anzanga a mutauni timakonda kudandaula kuti ndife tokha amene tikusenza dziko, anthu akumudzi salipira kanthu. Ndinkaganiza chimodzimodzi mpaka tsiku lina mu Novembala 2023, pamene kwacha inagwetsedwa ndi 44 peresenti, kuchoka cha m'ma K1,180 kufika K1,700 pa dola, patangotha chaka ndi theka chiigwetsereni ndi 25 peresenti. Masiku ochepa pambuyo pake IMF inavomereza ngongole yatsopano. Amayi anali atagulitsa soya mu Juni n'kusunga ndalama zogulira feteleza woonjezera mvula ikayandikira. Anandiimbira foni madzulo.

"Mwanawe, ndalama zija zinali za matumba atatu. Akuti tsopano awiri sakwana."

"Pepani amayi, ndi kwacha."

"Ndikudziwa kuti ndi kwacha. Ndikufunsa ngati uli ndi kenakake."

Ndinawatumizira pa foni, ndipo potumizapo anandidulanso kena. Amayi anga sanalembedwepo ntchito, alibe nambala ya msonkho, ndipo akafunsidwa anganene kuti msonkho unatha kalekale. Koma amalipira VAT pa sopo ndi pa mayunitsi, amalipira tikiti ya khonsolo akakhala pamsika ndi tomato wawo, amalipira misonkho ya pa mafuta imene ili mkati mwa mtengo wa minibasi, ndipo chaka chimenecho analipira thumba lathunthu la feteleza kwa munthu amene sadzamuona.

Chitini chija ndinachisunga m'kabati ya mabuku. Kwa kanthawi ndinkafuna kupitiriza mwambo wa agogo, ndiye ndinayamba kuponyamo malisiti a m'sitolo, aja amasonyeza VAT pansi pake. Mwezi watha ndinachitsegula ndikufuna kuonetsa mwana wanga chikalata cha Wenela. Malisiti anga onse a chaka chatha anali atayera mbee, inki itauluka, osadziwika kuti ndinagula chiyani ndiponso ndinalipira zingati. Chiphaso cha agogo cha 1957 chikuwerengekabe, dzina lawo, dzina la mfumu yawo, ndi chidindo cha boma la Ntcheu, limene kalaliki wake analemba kuti Ncheu.